Anyezi, Adyo ndi Maluwa a Mitu ku Nkhudzi: Nthawi Yothirira ndi Nthawi Yoleka

Kabuku aka ndi ka mabanja a ku Nkhudzi ndi midzi ya m'mbali mwa msewu wochokera pa boma la Mangochi kupita ku Monkey Bay, amene ali ndi kadimba kuseri kwa nyumba kapena timiphika ta maluwa pakhonde. Ndi kanunso inu amene mumasamala maluwa m'malo ogona alendo ndi m'nyumba za m'mphepete mwa nyanja. Tikamba za mbewu zimene zimapanga mutu pansi pa nthaka: anyezi, adyo, ndi maluwa angapo a mtundu womwewo.

Kuno kumatentha ndipo mchenga suchedwa kuuma, choncho aliyense amaopa kuti mbewu zake zifa ndi ludzu. Pa mpiru, repu ndi tomato mantha amenewo ndi oona. Koma mbewu za mitu zambiri zimene timataya kuno zimafa ndi madzi. Timazithirira pa nthawi imene zimafuna kukhala zouma, mutu n'kuwola m'nthaka yofunda, mwini wake akuganiza kuti akuchita chisamaliro. Nkhani yagona pa kudziwa nthawi yoyamba kuthirira ndi nthawi yoleka, ndipo nthawi zimenezi zimatengera kumene mbewuyo inachokera.

Mutu uja umagwira ntchito yanji?

Dulani anyezi pakati, kuchokera kukhosi kutsika. Muona zigawo zonenepa zokutirana, ndipo pansi pake pali kambale kolimba pamene pamatuluka mizu. Zigawo zija ndi m'munsi mwa masamba, mmene mwatupa ndi chakudya ndi madzi. Mutu ndi nkhokwe ya mbewuyo: imatutiramo nthawi ya zinthu, n'kumadyamo nyengo ikaipa, kaya ndi chilala kaya ndi kuzizira.

Motero chaka cha mbewu yotere chili ndi zigawo ziwiri. Pali nthawi imene ili maso, masamba ali biriwiri, mizu ikumwa. Pali nthawi imene yagona, masamba auma, mizu yambiri yafota. Mutu wogona sumwa. Madzi amene mwauthira amangokhala mozungulira khungu lake, ndipo m'nthaka yotentha ngati yathu ino tizilombo towoletsa timaswana msanga zedi. Masiku ochepa chabe mutu umafewa n'kuyamba kununkha.

Mbewu yokha imakuuzani pamene ili. Masamba akamatuluka ndi kukula, thirirani. Akayamba chikasu ndi kugwa pansi chonsecho nthaka ili ndi chinyontho, ndiye kuti ikulowa m'tulo, chepetsani madzi mpaka kuleka. Masamba amene adakali obiriwira musawadule ngakhale maluwa atatha ndipo akuoneka osalongosoka, chifukwa ndi amene akutumiza chakudya kumutu kuti chaka chamawa udzatulutsenso duwa.

Za snowdrop ndi mitu ina yochokera kunja

Amuna ambiri a m'boma lino amapita ku Joni, ndipo ena mwa iwo amagwira ntchito m'minda ya maluwa ku Johannesburg, Pretoria ndi Cape Town. Pobwera kumudzi mtima umafuna kutengako zokongola zimene anazisamala kumeneko, monga tulip, daffodil, ndi kaduwa koyera kowerama kotchedwa snowdrop. Cholinga ndi chabwino, koma tinene mosabisa kuti maluwa amenewa sangakhazikike ku Nkhudzi.

Snowdrop weniweni, amene dzina lake la sayansi ndi Galanthus, kwawo ndi ku Ulaya ndi kumapiri a ku Turkey ndi Caucasus. Ku Britain amatulutsa mizu cha m'ma Seputembala ndi Okutobala nthaka ikayamba kuzizira, n'kuchita maluwa kuyambira Januwale mpaka Malichi, nthawi zina nthaka ili youma gwa ndi chisanu. Pofika Meyi masamba amakhala atatha, ndipo amagona miyezi yofunda ali pansi pa mithunzi ya mitengo, m'dothi lozizirira lokhala ndi kachinyontho. Popanda miyezi ingapo ya kuzizira kwenikweni sachita maluwa bwino. Kamutu kake ndi kakang'ono, ka khungu lopyapyala, sikapirira kuuma, n'chifukwa chake olima maluwa kumeneko amakonda kumusamutsa masamba adakali obiriwira. Tsono muganize za mchenga wa ku Nkhudzi mu Okutobala. Mukamusiya wouma afota, mukamuthirira awola, ndipo chisanu chimene akudikira sichifika.

Amene ambiri ku South Africa amamutchula snowdrop ndi mbale wake wotchedwa Leucojum, wotalikirapo, wa timadontho tobiriwira kunsonga kwa duwa. Ameneyu amapirirako kufunda, komabe kumene amachita bwino ndi malo ngati Johannesburg, mzinda umene uli pamtunda wa mamita oposa 1,700 ndipo m'Juni ndi Julayi udzu umayera ndi chisanu m'mawa.

M'Malawi muno kuzizira koyandikirako kuli ku Nyika, ku Dedza, pamwamba pa phiri la Zomba ndi la Mulanje. Ngakhale kumeneko zinthu n'zotembenuka. Ku Ulaya nyengo yozizira ndiyo imakhala ndi chinyontho, pamene kwathu miyezi yozizira ndi youma ndipo mvula imagwa kukutentha. Wofuna kuyesa maluwa a ku Ulaya ku Dedza ayenera kuwathirira kuyambira Epulo mpaka Ogasiti, kenako kuwateteza ku mvula ya dzinja pamene agona. Kuno kunyanja, ndalama ndi mphamvu zanu zipite ku mbewu zimene tazitchula m'munsimu. Kumbukiraninso kuti kulowetsa mbewu kapena mitu ya maluwa m'dziko kumafuna chilolezo cha Unduna wa Zaulimi, pofuna kutchinga matenda a mbewu ochokera kunja.

Nyengo ya kwathu kuno

Nyanja ya Malawi ili pamtunda wa mamita pafupifupi 474, pamene tawuni ya Dedza ili pa mamita pafupifupi 1,600. Pa mamita 1,000 alionse amene munthu wakwera, kutentha kumatsika ndi madigiri pafupifupi 6. Ndiye kuti malangizo amene mungamve kwa mlimi wa anyezi wa ku Lizulu kapena ku Tsangano ndi oona kwawoko, koma musawatenge osasefa. Iye akhoza kuthirira kawiri pa sabata m'dothi lake lofiira logwira madzi, inu mutatero pamchenga mbewu zipsa.

Mvula ya kuno ndi ya mamilimita pafupifupi 800 pa chaka, ndipo pafupifupi yonse imagwa kuyambira kumapeto kwa Novembala mpaka kumayambiriro kwa Epulo. Mu Okutobala ndi Novembala masana kutentha kumafika madigiri 35 ngakhale kuposa. M'Juni ndi Julayi kumazizirako, koma nyanja imasunga kufunda moti usiku sikuzizira ngati kumapiri.

Chimene ambiri timaiwala ndi mwera. Asodzi amaudziwa chifukwa umawaletsa kulowa m'nyanja, koma kudimba nako umagwira ntchito yake mwakachetechete. Kuyambira Meyi mpaka Ogasiti mphepo imeneyi imaumitsa masamba ndi nthaka ya pamwamba ngakhale dzuwa lisakuwawa. Munthu amaona kuti kwazizira n'kuchepetsa madzi, osadziwa kuti tsiku la mwera bedi limauma pafupifupi ngati la chilimwe. Mangani mpanda wa bango kapena udzu kumbali imene mwera umachokera. Mpanda womwewo utchinganso mbuzi.

Dothi ndi madzi

Pafupi ndi gombe pali mchenga, m'madambo muli makande akuda, ndipo m'munsi mwa mapiri muli dothi la timiyala. Mchenga sugwira madzi, choncho umafuna madzi ochepa koma pafupipafupi, ndiponso manyowa ambiri owola bwino: ndowa ziwiri pa malo a mita imodzi m'litali ndi mita imodzi m'lifupi sizichuluka. Manyowa aawisi a mbuzi, ng'ombe kapena nkhuku musaike pafupi ndi mitu, amawotcha mizu ndi kuitana mphutsi. Makande amagwira madzi mopitirira, ndipo ndi amene amawoletsa mitu kwambiri. Pamenepo kwezani bedi ndi kusakaniza mchenga ndi mankhusu a mpunga owola.

Lamulo la mabedi ndi lapafupi. M'chilimwe pamchenga, bedi likhale lolowa pansi pang'ono, la m'mbali mokwera, kuti madzi asathawe. Mbewu imene ikhale m'nthaka dzinja lonse ikhale pa bedi lokwera kuti madzi a mvula asadikhe pamutu pake. Ndipo musayandikize mabedi kugombe. Mu 2024 nyanja inakwera kwambiri mpaka kulowa m'nyumba ndi m'malo ogona alendo ambiri a m'mphepete mwake ku Mangochi kuno. Nyanja ikakwera, madzi a pansi pa nthaka nawo amakwera. Musanakonze bedi kumbani dzenje lofika m'chigongono, ndipo mukaona madzi akutuluka pansi pake, sunthirani kumtunda.

Madzi a m'nyanja ndi abwino kwambiri ku mbewu chifukwa alibe mchere wambiri. Vuto lake lili pa otunga. Likodzo ndi lofala m'magombe a kuno, makamaka mmene muli bango ndi udzu wa m'madzi, ndipo ng'ona ndi mvuu ziliko. Tungani pa gombe loyera limene anthu amagwiritsa ntchito, dzuwa litatuluka, osati chisisira, ndipo ntchitoyi musatume ana okha. Mijigo ina ya m'dera lino ili ndi madzi a mchere. Mukaona zoyera ngati ufa pamwamba pa bedi likauma, ndipo nsonga za masamba zikupsa, ndi mchere umenewo. Anyezi ndi imodzi mwa mbewu zosapirira mchere. Ngati mulibe madzi ena, kamodzi pa sabata ziwiri thirani madzi ochuluka kuti mchere utsike kupitirira mizu. Madzi a pampopi a Southern Region Water Board ndi abwino, koma ndi olipira, ndiye muwerengere musanakonze mabedi ambiri. Madzi otsukira mpunga ndi masamba musataye, ndi othiririra. A sopo wochapira apite ku nthochi, osati ku anyezi.

Nayi njira yowerengera. Lita imodzi yothiridwa pa malo a mita imodzi m'litali ndi m'lifupi ikufanana ndi milimita imodzi ya mvula. Bungwe la FAO limati anyezi amafuna mamilimita 350 mpaka 550 kuyambira powokera mpaka kukolola. Bedi la mita imodzi m'lifupi ndi mamita 5 m'litali lifuna tsono malita 1,750 mpaka 2,750, kapena kuti zigubu za malita 20 pafupifupi 90 mpaka 140, ndipo pamchenga tengani nambala yapamwambayo. Amayi ndi abambo, khalani pansi muone ngati m'nyumba muli manja otunga madzi a mabedi asanu. Mabedi awiri othiriridwa mokwanira amabereka kuposa asanu a ludzu.

Muyeso wa tsiku ndi tsiku muli nawo kale. Pisani chala m'nthaka mpaka mfundo yachiwiri. Chikatuluka ndi dothi lozizira lomatirira, dikirani. Chikatuluka choyera, thirirani. Osangoyang'ana pamwamba, chifukwa mchenga umayera pamwamba pansi pali ponyowa, ndipo makande amatha kung'aluka pamwamba m'kati muli matope.

Anyezi

Anyezi amafuna nyengo yozizirira pamene akukula masamba, ndi yofunda ndi youma pamene mutu ukukhwima. Kuno nthawi yozizira ndi yaifupi, choncho kuchedwa kufesa ndi kumene kumabweretsa timitu tating'ono. Tsamba lililonse limapanga chigawo chimodzi cha mutu. Mbewu ikapeza masamba ambiri akuluakulu kutentha kusanafike, mutu umakhala waukulu. Ikagwidwa ndi kutentha kwa Seputembala idakali yaing'ono, imathamangira kupanga mutu ndi masamba ochepa omwewo.

Fesani nazale kumapeto kwa Malichi kapena mu Epulo, mvula yamphamvu ikadutsa. Mitundu yodziwika ndi Red Creole, wofiira, wowawa, wosungika nthawi yaitali, ndi Texas Grano, wa mitu ikuluikulu yotsekemera koma wosachedwa kuwola akakololedwa. Pabanja lofuna anyezi wofika naye m'dzinja, Red Creole ndiye woyenera. Mbewu ya anyezi sichedwa kutha mphamvu, makamaka m'nyumba zotentha, ndiye onani tsiku pa paketi ndipo yotsala chaka chatha musaidalire.

Fesani m'timizere totalikirana masentimita 10 mpaka 15, kuya kwake sentimita imodzi. Phimbirani ndi udzu wouma wopanda njere, thirirani pang'ono m'mawa ndi madzulo ndi keni ya chisefa, ndipo zikayamba kumera, pakatha sabata imodzi kapena masiku 10, chotsani udzu uja msanga kuti zisatalike mofooka. Pakatha masabata 6 mpaka 8 mbande zimakhala zitayandikira kunenepa kwa pensulo. Sabata yomaliza chepetsani madzi kuti zilimbe, koma tsiku lozula thirirani kwambiri kuti mizu isaduke. Wokerani madzulo, masentimita 10 pakati pa mbande ndi 20 mpaka 25 pakati pa mizere. Musakwirire mozama, masentimita awiri kapena atatu akwana. Anyezi wozama amatalika mutu m'malo monenepa.

Mizu ya anyezi ndi yaifupi, yambiri simapitirira masentimita 30, ndipo ilibe mphamvu yofunafuna madzi kutali. Sabata yoyamba mutawokera thirirani tsiku lililonse. Kenako pamchenga thirirani tsiku lililonse kapena kudumphitsa limodzi malinga ndi chala chija, pamene pa dothi logwira madzi masiku atatu alionse akwana. Thirirani m'mawa, ndipo madzi apite pansi, osati pamasamba. Masamba ogona onyowa usiku amagwidwa ndi matenda a mawanga ofiirira amene amaumitsa tsamba kuyambira pakati. Phimbirani pakati pa mizere ndi udzu kapena masamba ouma, koma musiye mpata wa zala ziwiri kuzungulira khosi, chifukwa chiswe cha kuno chimatsata zophimbira.

Nthawi yofunika kusamala kwambiri ndi pamene mutu wayamba kutupa n'kumang'amba nthaka, cha mu Ogasiti. Apa madzi akhale a muyeso umodzimodzi. Mukasiya bedi liume kwa masiku angapo chifukwa cha maliro kapena ulendo, kenako n'kudzalikhuthulira madzi ambiri, mitu imang'aluka kapena kugawika pawiri. Ngati muchoka, pemphani wina akuthirireni. Feteleza wa masamba monga yureya kapena CAN alekeni nthawi imeneyi, chifukwa amanenepetsa khosi, ndipo anyezi wa khosi lonenepa sauma bwino. Mutu ukaonekera pamwamba musaukwirire, ndi mmene umakulira.

Tsopano nthawi yoleka. Makosi akayamba kufewa, masamba n'kumagwa okha, chepetsani madzi. Theka la bedi likagwa, lekani kuthirira. Pamchenga dikirani sabata imodzi, pa dothi logwira madzi masabata awiri, ndiye muzule. Apa ndi pamene mabanja ambiri amaluza. Amaona masamba akugwa mu Seputembala, dzuwa likuswa mtengo, n'kunena kuti anyezi wafota ndi ludzu, tsono amawonjezera madzi. Madzi amenewo amalowa pakhosi lofewa, mutu umatulutsa mizu yatsopano, ndipo ngakhale uoneke bwino pozula, suchedwa kuwolera m'nyumba. Chizolowezi china choyenera kusiya ndi chopondaponda masamba kuti agwe msanga. Khosi lothyoledwa ndi khomo la matenda.

Kumapiri anthu amayanika anyezi padzuwa masiku angapo. Kuno dzuwa la Seputembala ndi Okutobala limapsereza mitu. Mukazula, yalani pa thandala la mumthunzi podutsa mphepo kwa masabata awiri, mpaka khosi liume ndipo khungu lizichita phokoso mukaligwira. Mangani m'mitolo n'kupachika pakhonde kapena m'khitchini mopita mphepo. M'thumba la pulasitiki musaikemo. A makosi onenepa ndi ovulala yambani kudya kapena kugulitsa amenewo.

Kachilombo kovutitsa anyezi m'nyengo yotentha ndi youma ndi kakang'ono kwambiri, kamabisala pamene masamba amakumana, ndipo kamasiya timawanga totuwa pa tsamba. Mbewu ya ludzu ndi imene kamaipweteka kwambiri. Masamba a nimu osinja, oviikidwa m'madzi usiku wonse n'kusefa, amathandiza mukapopera kawirikawiri kulunjika pakhosi. Zikakula, funsani alangizi a zaulimi a m'dera lanu musanagule mankhwala. Ndipo chopopera musatsukire m'nyanja kapena m'khwawa lolowera kunyanja: mankhwala ambiri ophera tizilombo amapha nsomba, ndipo pagombe pomwepo ndi pamene timatunga madzi ndi kupeza ndiwo.

Adyo

Adyo amafuna kuzizira kuposa anyezi kuti mutu ugawike mano, n'chifukwa chake amachita bwino kumapiri a Dedza, Ntcheu ndi Angonia ku Mozambique. Kuno amabereka, koma mitu yaing'ono. Ngati mukufuna wapakhomo, bedi limodzi likwana. Bzalani mu Epulo, sankhani mano akuluakulu, nsonga iloze kumwamba, kuya masentimita 3 mpaka 5. Kathiriridwe ndi kofanana ndi ka anyezi, ndipo masamba a m'munsi akayamba chikasu lekani madzi. Wa malonda musamuyembekezere kwambiri.

Maluwa amene amagwirizana ndi kuno

Amene mtima wake uli pa kaduwa koyera kakafupi, abzale Zephyranthes. Woyerayo kwawo ndi ku South America, m'mbali mwa mitsinje ya ku Argentina ndi Uruguay. Masamba ake ali ngati a udzu wonenepa, satalika kupitirira chikhatho ndi theka, ndipo amatulutsa maluwa masiku ochepa mvula ikagwa pambuyo pa kang'amba. Alipo enanso a pinki ndi achikasu. Kwirirani mitu masentimita 5, motalikirana masentimita 10, pamalo pofika dzuwa la m'mawa. Woyerayu sagona tulo tatikulu, ndiye m'chilimwe musamusiye wouma mwezi wathunthu, muthirireni kamodzi kapena kawiri pa sabata. Mukafuna maluwa ambiri pamodzi, lekani madzi masabata awiri kenako muthire mokwanira.

Hippeastrum, amene ogulitsa maluwa amamutchula amaryllis, ndi uja wa maluwa akuluakulu ofiira kapena a mizere, anayi pa phesi limodzi. Naye ndi wa ku South America ndipo kutentha sakuopa. M'mphika, gawo limodzi mwa atatu a mutu likhale pamwamba pa dothi, ndipo mphikawo ukhale woboola pansi. Kuyambira Meyi mpaka Julayi mupumitseni, osathirira. Cha mu Ogasiti kapena Seputembala nsonga ya duwa ikasuzumira, yambani madzi pang'onopang'ono, kuthira m'mbali mwa mphika osati pakhosi. Dzinja lonse asunge masamba ake, koma mphika ukhale pamene madzi a padenga sagwera. Mbale yoika pansi pa mphika ikhuthuleni nthawi zonse, chifukwa imawoletsa mizu ndiponso udzudzu umaswanamo.

Enawa ndi a kwathu konkuno, ndipo ambiri timawapita m'tchire osawalabadira. Crinum ndi uja wa mutu waukulu, wa masamba aatali otambalala ndi maluwa oyera opita ku pinki, amene amamera m'mbali mwa madambo mvula ikayamba. Ameneyu madzi ochuluka a dzinja samuvuta, ndiye mupatseni malo otsika a pabwalo. M'chilimwe amagona, ndipo sakonda kusamutsidwasamutsidwa. Njere zake zonenepa zimamera zili pamwamba pa dothi, koma mudikira zaka zingapo kuti muone duwa.

Scadoxus ndi uja wa duwa lofiira lozungulira, amene amatulukira ndi mvula yoyamba mu Novembala kapena Disembala, nthawi zambiri masamba asanatuluke. M'tchire amapezeka mumthunzi, pafupi ndi miyala ndi zulu. Pakhomo muikeni pansi pa mango kapena mtengo wina wa mthunzi, m'dothi la masamba owola. Masamba akauma cha mu Meyi, musamuthirenso madzi mpaka mvula. Zikani kamtengo pamalopo kuti wosesa kapena wolima asamuteme, ndiponso kuti wothirira maluwa ena adziwe podumpha. Inu ogwira ntchito m'malo ogona alendo, amene kapinga wake amathiriridwa ndi paipi chaka chonse, musabzale Scadoxus kapena Hippeastrum pakati pa kapinga. Apatseni bedi lawolawo kumene paipi sifika.

Gloriosa, duwa la dziko la Zimbabwe, lija lofiira ndi chikasu lopindikira m'mwamba, limayanga pogwira ndi nsonga za masamba. Pansi pake pali kachinangwa kopyapyala kosachedwa kuthyoka. Limakonda mchenga, limakula ndi mvula, ndipo likauma silifuna madzi ngakhale pang'ono.

Pa maluwa amene amafuna chinyontho m'chilimwe, kwirirani mtsuko wadothi wosapaka utoto mpaka m'khosi pakati pa bedi, muudzaze madzi n'kuuvundikira. Madzi amatuluka pang'onopang'ono m'mbali mwake ndipo mizu ya mbewu zoyandikira imawapeza. Mtsuko wotere umapulumutsa madzi ambiri, ndipo nthawi yogona ikafika mumangoleka kuudzaza.

Machenjezo awiri

Loyamba ndi la moyo. Maluwa onse tawatchulawa, kuphatikizapo snowdrop ndi daffodil, ali ndi poizoni, ndipo mitu ya ambiri mwa iwo imafanana ndi anyezi. Gloriosa ndiye woopsa koposa, kachidutswa ka kachinangwa kake kakhoza kupha munthu. Musasunge mitu ya maluwa m'khitchini kapena pamodzi ndi anyezi wodya, musaibzale m'bedi limodzi ndi ndiwo, ndipo ana auzeni. Mukaigwira sambani m'manja. Wina akadya mwangozi, thamangirani naye kuchipatala chapafupi, kapena ku Monkey Bay kapena kuchipatala chachikulu cha pa boma, osadikira kuti ayambe kusanza, ndipo tengani chidutswa cha chimene wadyacho kuti achipatala achione.

Lachiwiri ndi la malamulo. Phiri la Nkhudzi ndi gawo la Lake Malawi National Park, imene inakhazikitsidwa mu 1980 ndipo bungwe la UNESCO linaiika pa mndandanda wa malo a chuma cha dziko lonse mu 1984. Kukumba zomera m'menemo n'koletsedwa. Ngakhale kunja kwa paki, mutu umodzi wa Crinum umatenga zaka kuti ukule, ndipo ukakumbidwa pamalopo pamatsala popanda kanthu. Pemphani kwa anansi amene ali nawo kale. Mitu yambiri ya maluwawa imabereka ana m'mbali, ndipo ikathinana ikhoza kugawidwa. Gawani pamene yagona, kutatsala pang'ono kuti mvula iyambe.

Zoononga ndi mitu yowola

M'dzinja yang'anirani mbozi yakuda ya timadontho tachikasu ndi toyera imene imadya Crinum, Hippeastrum ndi Zephyranthes. Imayamba ili yaing'ono m'kati mwa tsamba, n'kumatsika mpaka kulowa m'mutu. Mukaona tsamba lili ndi njira zowala m'kati, lidulireni m'munsi mwa pamene mbozi yafika n'kulitentha, ndipo zazikulu zitoleni ndi manja m'mawa. Kuyendera maluwa kawiri pa sabata kumagwira ntchito kuposa mankhwala. Kumene kuli mfuko, bzalani mitu ya mtengo wapatali m'miphika kapena m'zidebe zakale zoboola pansi.

Mbewu ikafota chonsecho nthaka ndi yonyowa, musawonjezere madzi. Fukulani pang'ono mugwire mutu. Ngati wafewa wonse ndipo ukununkha, uzuleni pamodzi ndi dothi lozungulira n'kukautaya kutali ndi dimba, osati pa mulu wa kompositi. Ngati pawola ndi pambali chabe ndipo kambale ka mizu kadakali kolimba, chekani powolapo ndi mpeni woyera mpaka mufike pabwino, pakani phulusa, yanikani mumthunzi masiku atatu kapena anayi, kenako bzalani m'mchenga wosakaniza ndi manyowa pang'ono ndipo musathirire mpaka sabata itatha. Pa bedi pamene anyezi kapena adyo anawola, musabwezerepo mbewu za mitu kwa zaka zitatu. Bzalanipo khobwe, chimanga chachiwisi kapena mpiru, anyezi apite pa bedi lina.